Duwa Lotsiriza la Mtengo Wakufa: Mwezi wa m'Nthano za Tolkien



Sabata ino tikufuna tisinkhesinkhe za mwezi. Sitikunena mwezi umene umatuluka kuseri kwa phiri madzulo ayi, koma mwezi wina umene sunaonekepo kumwamba kulikonse, wopezeka m'mabuku a mlembi wa ku England, J.R.R. Tolkien. Ambiri mwa ife dzina lake tinalidziwira m'mafilimu atatu a The Lord of the Rings amene anatuluka pakati pa 2001 ndi 2003. Ena amawakonda mafilimuwo, ena amawaopa, ndipo alipo makolo amene akaona mwana ali ndi buku lotere amadzifunsa ngati m'nyumba simwalowa zaufiti. Funso lawolo si lopusa, ndipo liyenera kuyankhidwa mwaulemu. Ife tikuti nthano ya mweziwu ndi yoyenera kuti mkhristu aidziwe, chifukwa ikunena zoona pa nkhani imene tonse tidzakumana nayo tsiku lina: kodi munthu achite chiyani ndi zochepa zimene zamutsalira, chokoma chachikulu chikaonongeka?

Mlembi wake

John Ronald Reuel Tolkien anabadwa pa 3 Januwale 1892 mumzinda wa Bloemfontein, m'dziko limene lero ndi South Africa. Bambo ake anamwalira mu 1896, ndipo iye anakulira ku England, cha ku Birmingham. Mu 1900 mayi ake, a Mabel, analowa Mpingo wa Katolika, ndipo achibale ena anawakwiyira mpaka kuleka kuwathandiza. Mayiwo anamwalira ndi matenda a shuga mu 1904, nasiya ana awo awiri m'manja mwa wansembe, Bambo Francis Morgan. Motero pofika zaka 12 Tolkien anali kale mwana wamasiye. Mu 1916 anamenya nawo nkhondo ya ku Somme m'dziko la France, ndipo pamene nkhondo yoyamba ya dziko lonse imatha, anzake apamtima ambiri anali atafa. Pambuyo pake anakhala mphunzitsi wamkulu wa Chingerezi chakale pa yunivesite ya Oxford. Anasunga chikhulupiriro cha mayi ake moyo wake wonse, ndipo anathandiza kumasulira buku la mneneri Yona m'Baibulo lachingerezi lotchedwa Jerusalem Bible, la mu 1966. Anamwalira pa 2 Sepitembala 1973.

Tatchula zimenezi kuti tidziwe kuti munthu amene analemba za kuwala kozimitsidwa anali wodziwa maliro. Nthano ya mwezi wake ili m'buku la The Silmarillion, limene mwana wake Christopher anasonkhanitsa kuchokera m'zolemba za bambo ake ndi kulisindikiza mu 1977.

Mwezi usanakhalepo

M'nthano za Tolkien muli Mlengi mmodzi yekha, dzina lake Eru Ilúvatar. Iyeyu analenga mizimu yamphamvu, ndipo ina mwa iyo inatsikira padziko kuti ilikonze ndi kulisamala. Ikuluikulu imatchedwa a Valar, ing'onoing'ono yoitumikira imatchedwa a Maiar. Wamphamvu koposa pa onsewo anali Melkor, amene anapanduka chifukwa cha kunyada ndi kufuna kulamulira zonse yekha.

Poyamba kunalibe dzuwa kapena mwezi. Dziko linkaunikiridwa ndi nyale ziwiri zazikulu zoikidwa pamwamba pa nsanamira, koma Melkor anazigwetsa. Pamenepo a Valar anasamukira kumadzulo kutsidya kwa nyanja, nakhazikitsa dziko lawo la Valinor, lotchingidwa ndi mapiri aatali. Kumeneko Yavanna, wosamala zomera zonse, anaimba nyimbo pachulu chobiriwira, ndipo Nienna, amene ntchito yake ndi kulirira mabala a dziko, ananyowetsa nthakayo ndi misozi yake. Panamera mitengo iwiri yowala. Woyamba kumera unali Telperion, wa kuwala konga siliva, umene maluwa ake ankagwetsa mame owala. Wachiwiri unali Laurelin, wa kuwala konga golide ndi kofunda. Mtengo uliwonse unkawala ndi kuzilala m'maola 7 mosinthana ndi unzake, ndipo kawiri pa tsiku inkafika nthawi yoti kuwala kwa yonse iwiri kusakanikirane mofatsa.

Pali mfundo imodzi pano imene tiyenera kuigwira bwino. Kuwala kwa mitengo iwiriyi kunali kokongola kopanda chilema, koma kunkathera m'malire a Valinor. Dziko lalikulu la kum'mawa kwa nyanja, lotchedwa Middle-earth, linali mumdima wa nyenyezi zokha. Ma Elf ambiri, amene m'nthanozi ndi ana oyamba a Mlengi, ofanana ndi anthu koma osafa ndi ukalamba, anatsalira kumeneko osakuonako kuwalako. Anthu nawo anali asanadzuke, koma podzuka akanapeza mdima womwewo.

Tsiku lina la chikondwerero, onse ali kuphwando, Melkor analowa m'Valinor mozemba pamodzi ndi Ungoliant, mzimu woipa wooneka ngati kangaude wamkulu, wa njala yosakhuta. Melkor analasa mitengo ija ndi mkondo, madzi ake natuluka ngati magazi. Ungoliant anawayamwa onse, nasiya ululu wake m'mizu ndi m'nthambi, mpaka mitengo inauma. Valinor inagwa mumdima wandiweyani.

Munthu amene anakana

Kuwala kwenikweni kwa mitengoyo kunali kutatsala pamalo amodzi okha. Fëanor, mmisiri woposa onse pakati pa ma Elf, anali atapanga miyala itatu yamtengo wapatali yotchedwa Silmaril, natsekeramo kuwala kwa Telperion ndi Laurelin mitengoyo isanaphedwe. Yavanna ananena kuti atapatsidwa kuwala kwa m'miyalayo akanatha kuitsitsimutsa mitengo ija. A Valar anam'pempha Fëanor kuti aipereke, koma iye anakana, poti kuiswa kukanakhala ngati kuswa mtima wake. Anali ataiwala kuti luso linali lake koma kuwalako sikunali kwake.

Nthawi yomweyo kunafika uthenga wakuti Melkor wapha Finwë, bambo a Fëanor, ndipo waba miyala yonse itatu. Wina angati ndiye kuti kukana kwake kunalibe kanthu, poti miyalayo inali itapita kale. Koma buku likusonyeza kuti akanavomera, mwina zochita zake zotsatira zikanakhala zina. Mtima umene unakana kupatsa ndi womwewo umene unalumbira lumbiro loopsa, kuti iye ndi ana ake 7 adzalimbana ndi aliyense wosunga miyalayo, kaya woipa kaya wabwino. Chifukwa cha lumbirolo ma Elf anapha ma Elf anzawo padooko la Alqualondë pofuna kulanda zombo, ndipo m'zaka mazana otsatira magazi anakhetsedwanso kawiri pa chifukwa chomwecho. Pamapeto pake palibe mwana wa Fëanor ngakhale mmodzi amene anatsala ndi mwala m'manja. Akuluakulu anati kupatsa nkuika. Fëanor sanaike kanthu kulikonse, ndipo sanapeze kanthu.

Kubadwa kwa mwezi

Miyala itapita, a Valar anabwerera ku mitengo yakufa ija. Nienna analira, Yavanna anaimba, koma mabalawo sanapole. Madzi akatayika saoleka. Chiyembekezo chili pafupi kutheratu, Telperion inatulutsa duwa limodzi lalikulu lasiliva panthambi yopanda masamba, ndipo Laurelin inabala chipatso chimodzi chagolide. Itatero mitengoyo inaferatu.

Apa a Valar anali ndi mwayi wochita zimene Fëanor anachita. Akanatha kulisunga duwalo m'nyumba yotetezedwa ngati chikumbutso cha masiku okoma, kuti aziliona okha akasungulumwa. M'malo mwake anakumbukira okhala ku Middle-earth: ma Elf amene sanafikeko ku Valinor, a Noldor amene anali atapanduka ndi kutsata Fëanor, ndiponso anthu amene nthawi yawo yodzuka inali itayandikira. Manwë, mfumu ya a Valar, anadalitsa duwa ndi chipatsocho. Aulë, mmisiri wosula, pamodzi ndi anthu ake anapanga zotengera zake, ndipo Varda, mwini nyenyezi, anaziika kumwamba kuti ziziyenda ngati zombo. Duwa la Telperion ndilo linakhala mwezi, chipatso cha Laurelin chinakhala dzuwa.

Mwezi ndiwo unayamba kutuluka, monga mmene Telperion inayambira kumera, ndipo unadutsa kumwamba maulendo 7 dzuwa lisanaoneke. Amene anauona koyamba ku Middle-earth anali anthu osautsidwa. Fëanor atawoloka nyanja anatentha zombo, nasiya m'bale wake Fingolfin ndi khamu lalikulu kutsidya. Khamulo linayenda pansi kudutsa Helcaraxë, chipululu cha madzi oundana cha kumpoto kwenikweni, ndipo ambiri anafera m'njira. Otsalawo ataponda nthaka ya Middle-earth, mwezi unatuluka kwa nthawi yoyamba, iwo naliza malipenga. Atumiki a Melkor, amene anazolowera kuchita zawo mumdima, anadzidzimuka.

Taonani kusiyana kwake. Kuwala kwangwiro kumene Fëanor anatsekera m'miyala kunathera pachisoti chachitsulo cha mdani, pansi pa nthaka, m'linga lake la Angband. Duwa limodzi la mtengo wodwala ululu, loperewera kutalitali poyerekeza ndi kuwala koyamba kuja, linaunikira dziko lonse, ngakhale iwo amene anapanduka. Buku silibisa kuti mwezi ndi dzuwa sizingabwezeretse kuwala kwa mitengo kusanadetsedwe. Chotayikacho chinatayikadi, ndipo Melkor sayamikiridwa pa zimene anachita. Komabe kuchokera pa choipacho panatuluka chabwino chimene woipayo sanachiganizire: amene anali kunja kwa mpanda anaona kuwala. Ife amene timaimirira ndi makandulo usiku wa Pasaka, kumva Mpingo ukuimba kuti ngakhale tchimo la Adamu Mulungu analisandutsa khomo lobwerera Mpulumutsi, maganizo amenewa si achilendo kwa ife.

Mlenje wosakhazikika

Chombo chilichonse chinafunika wochiyendetsa. Dzuwa linaperekedwa kwa Arien, namwali wa mwa a Maiar, mzimu wamoto amene Melkor analephera kumunyenga. Mwezi unaperekedwa kwa Tilion, mlenje wa m'gulu la Oromë, amene anali ndi uta wasiliva. Mitengo ikali moyo, Tilion ankakonda kukapuma m'minda ya Lórien pansi pa kuwala kwa Telperion, ndipo mtengowo utafa anachita kupempha yekha kuti ampatse ntchito yosamala duwa lake lotsiriza mpaka kalekale.

Koma Tilion sanali wodalirika pa kayendedwe. Pena ankathamanga, pena ankachedwa, pena ankapatuka panjira imene anamulembera. Ankakopeka ndi ulemerero wa Arien, namayandikira kwa iye ngakhale moto wake unkamuwaula, ndipo n'chifukwa chake, nthanoyo ikutero, nkhope ya mwezi ili ndi mawanga akuda. Kuyandikira komweko ndiko kumachititsa kuti nthawi zina mwezi ndi dzuwa zioneke limodzi kumwamba, ndi kuti masana kugwe kadamsana. A Vanyar, mtundu wina wa ma Elf, anautcha mweziwo Isil, kutanthauza kunyezimira. A Noldor anautcha Rána, ndiye kuti woyendayenda wosatsata njira. M'chinenero china cha ma Elf, cha Sindarin, dzina lake ndi Ithil.

Poyamba Varda anafuna kuti zombo ziwirizi zizikhala kumwamba nthawi zonse, kuti kuwala kwake kuzisakanikirana monga kunkachitira pa mitengo. Koma Lórien ndi Estë, osamala tulo ndi mpumulo, anadandaula kuti dziko lasowa pogonera ndipo nyenyezi zabisika. Chifukwa cha dandaulolo, komanso chifukwa cha kusakhazikika kwa Tilion, dongosolo linasinthidwa, ndipo kunakhala usana ndi usiku. Ngakhale kupatuka kwa mlenjeyu kunalukidwa m'dongosolo latsopano, dziko nilipeza nthawi yopuma.

Melkor sanayerekeze kum'putanso Arien, koma Tilion anamuona ngati wofooka, namutumizira mizimu yamdima. Panali nkhondo pansi pa nyenyezi, ndipo Tilion anapambana. Mlenje amene sankatha kusunga nthawi anatha kusunga duwa. A Valar sanam'lande ntchitoyo pofuna wina wangwiro, ndipo iye sanaitule pansi ponena kuti ndine wosayenera. Ali ndi zipsera kumaso, koma usiku uliwonse umene ayenera kutuluka amatuluka.

Mwezi m'mibadwo yotsatira

Amene anawerenga The Hobbit, ya mu 1937, ndi The Lord of the Rings, ya mu 1954 ndi 1955, anakumana nawo mweziwu mwina osazindikira. Pamapu a Thorin pali zilembo zobisika zimene Elrond anatha kuziwerenga pokhapokha ataunika pepalalo ku mwezi wofanana ndi wa usiku umene zinalembedwa. Pachitseko cha kumadzulo cha migodi ya Moria pali zojambula za chitsulo chotchedwa ithildin, chimene chimaoneka ndi kuwala kwa mwezi ndi nyenyezi kokha. Akuluakulu anati mwezi satungira mkanda, ndipo n'zoona kuti kuwala kwake n'kochepa. Koma m'nthanozi muli makomo amene munthu sangawaone masana dzuwa likuswa mtengo, amangooneka ndi kuwala kochepako.

Dzina la Isildur, amene anadula mphete ku dzanja la Sauron, limatanthauza mtumiki wa mwezi. Ali mnyamata pachilumba cha Númenor, anaika moyo wake pachiswe kukathyola chipatso cha Nimloth, mtengo woyera wa mafumu, usanadulidwe ndi kutenthedwa. Mtengowo unali mdzukulu wa wina umene Yavanna anapanga mofanizira Telperion. Isildur anabzala mbewu yake mumzinda wa Minas Ithil, Nsanja ya Mwezi, m'dera la Ithilien. Patapita zaka zambiri mzindawo unalandidwa ndi atumiki a Sauron nusandulika Minas Morgul, ndipo kuwala kwake kunakhala kotumbuluka ngati kwa mtembo, kosaunikira kanthu. Isildur yemweyo, amene anapulumutsa chipatso kuti mibadwo ya m'tsogolo ipindule, atagwira mphete anakana kuiponya m'moto, naitenga kukhala yake. Mtima wopatsa wa a Valar ndi mtima woumira wa Fëanor zinakhala mwa munthu mmodzi. Umu ndi mmene zilili ndi ambiri a ife.

Kodi si bodza limeneli?

Tiyeni tsopano timve otsutsa. Woyamba akuti: mwezi si duwa. Ndi chimwala chachikulu chozungulira dziko pa mtunda wa makilomita pafupifupi 384,000, chopanda kuwala kwakekwake, ndipo mu Julayi 1969 Neil Armstrong ndi Buzz Aldrin anapondapo. N'zoona, ndipo Tolkien anali moyo pamene zinkachitika. Iye sanali mbuli pa za kumwamba. Polemba The Lord of the Rings anatsata kaonekedwe ka mwezi ka m'zaka za 1941 ndi 1942, kuti anthu a m'nkhani yake okhala malo osiyana usiku umodzi aone mwezi wofanana. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1950 anavutika nayo nthano ya duwa ndi chipatso, poganiza kuti owerenga odziwa sayansi sangailandire, mpaka anayesa kuilembanso kuti dzuwa ndi mwezi zikhalepo kuyambira pachiyambi. Zolemba zimenezo zinasindikizidwa mu 1993 m'buku la Morgoth's Ring. Kukonzako sanakumalize, ndipo Christopher anasankha kusunga nthano yakale ija.

Ife tikuona kuti anasankha bwino. Bodza ndi mawu onenedwa kuti munthu anyengedwe. Agogo akayamba kuti padangotero, ife n'kuyankha kuti tili tonse, palibe amene amanyengedwa kuti kalulu analankhuladi. Timadziwa tonse kuti choona cha nthano chili pa mtima wa munthu. Ambuye Yesu mwini anaphunzitsa ndi mafanizo, ndipo palibe amene amafunsa dzina la mudzi umene mwana wolowerera anachokera. Wofuna kudziwa kutalika kwa mwezi apite kwa aphunzitsi a sayansi. Wofuna kudziwa chimene kuumira kumachita mumtima mwa munthu waluso angaphunzire kwa Fëanor.

Wotsutsa wachiwiri akuti: muli milungu yambiri m'mabukuwa, ndipo Malembo Oyera amaletsa kupembedza dzuwa ndi mwezi. Chenjezo limeneli lilipodi, pa Deuteronomo 4:19. Koma tisachite za kandimverere, tiyang'ane zimene zalembedwa. A Valar ndi zolengedwa, ali pansi pa Mlengi mmodzi, ndipo Tolkien mwini anawafanizira ndi angelo. Amalakwitsa, amalira, ndipo sangathe kulenga moyo mwa okha. Mwezi wa Tolkien si mulungu, ndi nyale yonyamulidwa ndi wantchito. Izi zili pafupi ndi buku la Genesis, limene pa tsiku lachinayi silitchula n'komwe maina a dzuwa ndi mwezi, koma limangoti ndi zounikira ziwiri zoikidwa kuti zitumikire, pamene mitundu yozungulira Aisraele inkazigwadira. M'nthano zonsezi, amene amafuna kupembedzedwa m'malo mwa Mlengi ndi Melkor ndi Sauron, ndipo kachisi wamkulu amene akutchulidwa ndi uja wa ku Númenor, woperekeramo anthu nsembe kwa Melkor, amene anafulumizitsa chionongeko cha chilumbacho.

Mu 1953 Tolkien analembera kalata mnzake wa chipani cha Ajezwiti, Robert Murray, kuvomereza kuti buku lake ndi lachikatolika m'mizu yake, ngakhale mulibe tchalitchi kapena mapemphero oonekera. Sizinangochitika mwangozi kuti ulendo wokaononga mphete unayamba pa 25 Disembala ndipo mpheteyo inaonongedwa pa 25 Malichi, tsiku limene timakumbukira mngelo Gabriele akubweretsa uthenga kwa Amayi Maria. Komabe tisapitirire malire. Tolkien sankakonda nkhani zimene munthu aliyense wa m'katimo amaimira winawake wa kunja, choncho si bwino kunena kuti Tilion ndi Petulo Woyera kapena kuti Varda ndi Maria. Ndiponso mwezi wake ndi wosiyana ndi fanizo lakale la Mpingo. Ambrozio Woyera anaphunzitsa kuti Mpingo uli ngati mwezi, wowala ndi kuwala kwa Khristu osati kwake, ndipo Katekisimu wa Mpingo wa Katolika akubwereza zomwezo pa nambala 748. Mwezi wa Tolkien sulandira kuwala ku dzuwa, uli ndi duwa lakelake. Chimene mafanizo awiriwa akugwirizana n'chakuti wonyamula kuwala si mwini wake. Tilion sanabzale Telperion.

Wotsutsa wachitatu akuti: nthano zotere n'zothawira mavuto, pamene achinyamata ali ndi mayeso, ulova ndi njala zoti alimbane nazo. Pali choona m'mawuwa. Si buku lililonse la nkhani zopeka limene lili labwino. Alipo ena amene amakometsa nkhanza ndi matsenga, ndipo mkhristu ayenera kusankha. Wochezera usiku wonse pa filimu mpaka kujomba ku Misa kapena kusukulu wapatuka kuposa Tilion. Koma pa phunziro limene anapereka ku yunivesite ya St Andrews ku Scotland mu 1939, Tolkien anasiyanitsa msilikali wothawa nkhondo ndi mkaidi woganiza za kwawo. Nthano ya mweziyi sitiuza kuti mavuto kulibe. Imayamba ndi kuphedwa kwa chinthu chokongola koposa, ndipo sichiukanso m'nkhani yonseyo. Munthu akaitseka amabwerera ku mavuto ake ali ndi funso lolemera kuposa limene anali nalo poitsegula.

Duwa lathu lili kuti?

Pakati pathu alipo amene mitengo yawo inalasidwa. Wina makolo anamwalira iye ali wamng'ono, monga Tolkien. Wina sukulu inathera panjira chifukwa cha fizi. Wina banja la kwawo linapasuka, wina anachita chinthu chimene mpaka lero amachita nacho manyazi polowa m'tchalitchi. Mayesero a anthu otere amakhala awiri. Oyamba ndi a Fëanor: kukumbatira chimene chatsala, kuwerengera onse amene anatilakwira, ndi kulumbira mumtima kuti sitidzapatsanso munthu kanthu. Achiwiri ndi oti poti duwa ndi limodzi lokha, ndipo ife ndife osakhazikika, palibe chifukwa cholikwezera kumwamba. Onse awiri amathera pamodzi: amene ali panja pa mpanda amakhalabe mumdima.

Nthanoyi ikuti chotsalacho chiperekedwe momwe chililimo. Amene anasiya sukulu ali Fomu 2 amadziwa kuwerenga, ndipo kumphakati kwawo kuli mwana wa Sitandade 3 amene sadziwa. Amene analira maliro a mayi ake amadziwa kukhala chete pambali pa mnzake woferedwa, pamene ena onse akungolankhula. Amene anagwa nadzuka kudzera m'sakramenti la kulapa angathe kuuza mnzake kuti khomolo n'lotsegula, ndipo adzamveka kuposa amene sanagwepo. Zimenezi si mitengo iwiri ya ku Valinor, ndipo sitiyenera kunamizira kuti ndi yomweyo. Ndi duwa limodzi panthambi youma. Koma a Fingolfin a masiku ano, amene angotuluka kumene m'chipululu chozizira, safunsa ngati kuwalako n'kwangwiro. Amangofuna kuona poponda.

Tsono sabata ino, aliyense wa ife adzifunse mafunso awiri pamaso pa Mulungu. Ndi chiyani chimene ndatsekera m'mwala, n'kumati ndi changa, pamene ndinachilandira ulere? Nanga ndi ntchito iti imene ndakhala ndikuikana ponena kuti ndikhale kaye wangwiro? Makolo amene mukuda nkhawa ndi mabukuwa, tikukupemphani kuti muwatsegule limodzi ndi ana anu, muwafunse kuti akusimbireni za Telperion ndi Tilion, ndipo muweruze mutamva.

Ambuye, amene munaika zounikira kumwamba kuti zitumikire oipa ndi abwino omwe, tipatseni mtima wosaumira pa zochepa zimene tili nazo. Amen.